Uphungu: Andifufutira zimene ndinalemba za tiyi ndi khansa

Aphungu,

Ndine mtsikana wogwira ntchito ya ukalaliki pa kachipatala ka pa esiteti ina ya tiyi kuno ku Thyolo. Mayi anga akhala akuthyola tiyi kuyambira ine ndisanabadwe, ndipo sukulu yanga yonse inalipiridwa ndi dengu la kumsana kwawo. Chaka chatha mnzanga wina anandiphunzitsa kulemba pa Wikipedia. Ndinayamba ndi za kwathu konkuno, misika, masukulu ndi phiri la Thyolo, ndipo palibe amene anazikhudza.

Mwezi watha ndinawonjezera ziganizo zingapo pa nkhani ya Chingerezi yonena za tiyi wobiriwira. Ndinalemba kuti tiyiyu amateteza munthu ku khansa. Sindinapeke ayi. Ndinaika magwero awiri: nkhani ya m'nyuzipepala ina yotchuka ya kunja, ndi kafukufuku wa akatswiri a pa yunivesite amene anapatsa mbewa mankhwala ochokera m'masamba a tiyi, zotupa n'kuchepa. Dzuwa lisanalowe, munthu wina wosadziwika kwa ine anafufuta zonse, n'kungolembapo kuti "MEDRS". Ndinabwezera, iye anafufutanso n'kundichenjeza.

Zandiwawa kwambiri. Mwina iyeyo sanaonepo n'komwe munda wa tiyi, pamene ine ndinabadwira m'mizere yake. Kodi akundinyoza poti ndine Mmalawi? Ndaganiza zomusiya ndi Chingerezi chakecho, ndikalembe zomwezo pa Wikipedia ya Chichewa, kumene palibe angandivute, kuti anthu akwathu adziwe ubwino wa tiyi wathu. Nanga ngati yunivesite siikwana, gwero lodalirika ndi liti?

Wokhumudwa,
Thyolo

Achemwali,

Ndiyambe ndi chimene chandidetsa nkhawa kwambiri m'kalata yanu, ganizo lokaika ziganizo zija pa Wikipedia ya Chichewa. Chonde musatero. Mwanena zoona kuti kumeneko palibe angakuvuteni, ndipo n'chifukwa chomwecho ndikukuletsani. Nkhani za zaumoyo za m'Chingerezi zili ndi alonda ambiri, ena mwa iwo madokotala, amene amayang'ana chilichonse chosinthidwa tsiku lomwelo. Ya Chichewa akonzi ake ndi owerengeka. Chiganizo cholakwika chikalowa mmenemo chikhoza kukhala zaka osakhudzidwa, ndipo amene adzachiwerenge ndi mwana wa ku Thekerani kapena ku Luchenza amene akufufuza pa foni chifukwa bambo ake ayamba kulephera kumeza nsima, kapena mayi ake akutaya magazi osakhala a kumwezi. Dziko lathu lili m'gulu la mayiko amene khansa ya kummero ndi ya khomo la chiberekero zimapha anthu ambiri kuposa kwina kulikonse padziko lapansi, ndipo chimene chimapweteka odwala ambiri ndi kufika kuchipatala mochedwa. Banja limene lawerenga m'chinenero chawo kuti tiyi amateteza khansa likhoza kuwiritsa ketulo miyezi itatu lisanaganize zokwera minibasi ya ku Thyolo Boma kapena ku Malamulo. Inu mumagwira ntchito pa chipatala, mukudziwa chimene miyezi itatu imachita pa chotupa.

Tsopano za mnzanu wofufutayo. Pa khalidwe analakwa. Munthu watsopano amene wabwera ndi mtima wabwino, ndi magwero m'manja, samuyankha ndi zilembo zisanu basi. Zoterezi zathamangitsa akonzi ambiri abwino, makamaka a kuno ku Africa, ndipo mkwiyo wanu ndikuumvetsa. Koma pa nkhani yeniyeniyo sanalakwe, ndipo chiganizo chomwecho chikanalembedwa ndi pulofesa wa ku London, chikanafufutidwa chimodzimodzi. MEDRS ndi chidule cha dzina la tsamba la malangizo pa Wikipedia ya Chingerezi, lofotokoza magwero amene munthu angatsamire polemba za matenda, mankhwala ndi zakudya zimene akuti zimachiza kapena kuteteza. Anthu a gulu lotchedwa WikiProject Medicine ndiwo amalilondoloza kwambiri. Mmodzi wodziwika mwa iwo ndi James Heilman, dokotala wa ku Canada. Mfundo yake yaikulu ndi yakuti pa zaumoyo simutsamira pa kafukufuku mmodzi, ngakhale atachokera ku yunivesite yotchuka motani. Mumatsamira pa zolemba zimene zasonkhanitsa akafukufuku ambiri n'kuwapima pamodzi, pa malangizo a mabungwe akuluakulu a zaumoyo, ndi pa mabuku amene madokotala amaphunzirira.

Mayi anu akudziwa kuti dengu limodzi likalemera pa sikelo m'mawa wina wa mu Januwale, kapitawo salengeza kuti chaka chino esiteti yakolola zambiri. Amadikira madengu a anthu onse, a minda yonse, a miyezi yamvula ndi yachilimwe, alembedwe m'buku n'kuwonkhetsedwa. Kafukufuku wanu wa mbewa ndi dengu limodzi. Cholemera chake n'choona, koma si zokolola za chaka.

Ndipo pali vuto lina loposa pamenepa: mbewa si munthu. Mu labotale, akatswiri amatenga chinthu chimodzi cha m'tsamba la tiyi, nthawi zambiri chotchedwa EGCG, n'kuchipereka pa mlingo umene munthu sangaufike pomwa makapu a tiyi. Zinthu zambirimbiri zimachepetsa zotupa m'mbewa kapena m'mbale ya mu labotale, koma zikayesedwa pa anthu zochuluka zimalephera. Nthawi zina zimapweteka kumene. M'zaka za m'ma 1980 akatswiri ambiri ankakhulupirira kuti beta-carotene, chimene chimapatsa karoti mtundu wake, chimateteza khansa ya m'mapapo, chifukwa anthu odya kwambiri masamba ndi zipatso ankadwala mocheperapo. Ku Finland anayesa pa amuna osuta fodya oposa 29,000, ena kuwapatsa mapiritsi ake, ena ayi. Zotsatira zitatuluka mu 1994, gulu lomwa mapiritsi ndi limene linadwala khansa ya m'mapapo kwambiri, kuposa linalo ndi 18 pa 100 alionse. Kafukufuku wina wa ku America anaimitsidwa mu 1996 ataona zofananazo. Amene akanalemba mu 1985 kuti beta-carotene amateteza khansa akanakhala ndi magwero a mayunivesite odzaza thumba.

Chitsanzo chimene ndimachikonda kwambiri n'cha kwathu konkuno, chifukwa kafukufuku wake anali wabwino, wa pa anthu, ndipo mpaka lero palibe wamutsutsa. Mu 1993 Malawi anakhala dziko loyamba mu Africa kusiya chloroquine ngati mankhwala oyamba a malungo, poti tizirombo tinali titamuzolowera, n'kuyamba SP, amene ambiri timamudziwa kuti Fansidar. Patapita zaka 12, akatswiri anayesanso chloroquine pa ana a ku Blantyre, ndipo mu 2006 magazini ya New England Journal of Medicine inasindikiza zotsatira: chloroquine anachiza ana 99 pa 100 alionse, pamene SP anachiza 21 okha. Tiyerekeze kuti mkonzi wina wachangu wawerenga zimenezo n'kulemba pa Wikipedia kuti chloroquine amachiza malungo ku Malawi. Gwero lake lingakhale lapamwamba zedi. Komabe Unduna wa Zaumoyo sunabwerere ku chloroquine. Mu 2007 unasamukira ku LA. Anthu okonza ndondomeko anayang'ana zimene kafukufuku mmodziyo sakanayankha: kuti m'mayiko otizungulira tizirombo tosamva chloroquine tinalipobe, kuti udzudzu ndi anthu zimadutsa malire a Mozambique tsiku lililonse, kuti mankhwala amodzi okha akagwiritsidwanso ntchito ndi dziko lonse tizirombo tingawazolowerenso. Ichi n'chimene malangizo a unduna kapena a WHO amakupatsani chimene kafukufuku mmodzi alibe. Wina wakhala pansi n'kufunsa kuti: poona zonse zimene tikudziwa, wodwala achite chiyani?

Za nyuzipepala ndinene mwachidule. Mtolankhani amalemba chatsopano, ndipo pa zamankhwala chatsopano n'chimene sichinayesedwe mokwanira. Akuluakulu amakumbukira chaka cha 1995, pamene khamu losaneneka linakhamukira ku Machinga kwa Billy Goodson Chisupe kukamwa mchape, akumva kuti umachiza Edzi. Nyuzipepala zinalemba, ndipo ndi magwero abwino osonyeza kuti anthu anapitadi. Si magwero osonyeza kuti anachira. N'chimodzimodzi ndi chakumwa cha Covid-Organics chimene mtsogoleri wa Madagascar wa nthawi imeneyo, Andry Rajoelina, analengeza mu Epulo 2020. Ngakhale magazini olemekezeka a madokotala amaterereka: The Lancet inasindikiza mu 1998 kafukufuku wa Andrew Wakefield wogwirizanitsa katemera wa chikuku ndi vuto la autism, ndipo inadzamuchotsa mu 2010 zitadziwika kuti munali chinyengo. Pa zaka 12 zimenezo makolo ambiri anaopa kubayitsa ana awo.

Nanga za tiyi, amene awonkhetsa madengu onse akuti chiyani? Pali bungwe lotchedwa Cochrane, lokhazikitsidwa mu 1993, limene ntchito yake ndi yomweyo: kusonkhanitsa akafukufuku onse a funso limodzi, kutaya osalongosoka, n'kupima otsalawo. Zolemba zotere amazitcha systematic review. Mu 2020 linatulutsa yonena za tiyi wobiriwira ndi khansa, yophatikiza akafukufuku 142 a anthu oposa 1.1 miliyoni. Linapeza kuti zotsatira zake n'zosagwirizana, ena akusonyeza phindu, ena osasonyeza kanthu, ena kuwonjezeka kwa ngozi, ndipo umboni wake ngosakwanira kunena kuti tiyiyu amateteza khansa. Mu 2018 bungwe loona za chitetezo cha zakudya ku Ulaya, EFSA, linati tiyi wobiriwira wofulula mwa nthawi zonse alibe vuto kwa anthu ambiri, koma mapiritsi a EGCG pa mlingo wa mamiligalamu 800 pa tsiku kapena kuposa akhoza kuwononga chiwindi.

Ndipo pali mfundo imene ikutikhudza ife kwambiri kuposa anthu a ku Ulaya. Mu 2016 bungwe la IARC, nthambi ya WHO yofufuza za khansa imene ili ku Lyon, linanena kuti kumwa zakumwa zotentha kwambiri, kupitirira madigiri 65, kukuoneka kuti kumayambitsa khansa ya kummero. Vuto si tsamba la tiyi, ndi kutentha kumene kumawotcha njira ya chakudya mobwerezabwereza. Ganizirani mmene timamwera tiyi m'mamawa wa mu Juni chiperoni chitakuta Thyolo: wochoka pamoto, m'kapu yachitsulo, mothamangira belu la kuntchito. Komanso n'zodziwika kuti tiyi womwera pa chakudya amachepetsa ayironi amene thupi limatenga kuchokera ku nyemba ndi masamba, nkhani yofunika kwa amayi oyembekezera amene mumawaona kusikelo magazi atawachepera. Zimenezi ndi zimene mwana wa mayi wothyola tiyi angalembere anthu akwawo.

Chiganizo chanu chikhoza kumveka chonchi: "Akafukufuku ambiri ayesa kuona ngati tiyi wobiriwira amateteza khansa, koma ataunikidwa pamodzi mu 2020, umboni wake unapezeka wosagwirizana ndi wosakwanira." Onani kuti sichikunena kuti tiyi ndi woipa, ndiponso sichikulonjeza kanthu. Musaope mawu akuti "sizikudziwika bwino" pamene gwero lanu likutero. Akonzi atsopano amakonda kulimbitsa zimene gwero lanena mofooka: pamene akatswiri alemba kuti "zikhoza kutheka", iwo amalemba kuti "zimachitika". Pomasulira m'Chichewa ngoziyi imakula, chifukwa mawu okayikira a akatswiri ndi amene amayamba kugwa panjira.

Pali china chimene mwina simunachiganizire, ndipo ndichinene mwachikondi. Malipiro anu amachokera ku tiyi, ndi a mayi anu omwe. Si mlandu, koma zikutanthauza kuti mtima wanu ukufunitsitsa tiyi atakhala mankhwala. Wikipedia imapempha munthu amene ali ndi mbali pa nkhani kuti anene poyera, ndipo amene walipidwa kuti alembe amakakamizidwa kuulula. Inu simunalipidwe, komabe n'kwanzeru kulemba pa tsamba lanu kuti mumagwira ntchito m'makampani a tiyi, osatchula esiteti ngati simukufuna. Mukamafufuza, dzifunseni ngati mukusaka yankho kapena mukusaka wokuvomerezani. Amene amasaka womuvomereza amamupeza nthawi zonse, chifukwa pa intaneti pali kafukufuku wa mbewa wa pafupifupi chakudya chilichonse.

Mwafunsa kuti gwero lodalirika mulipeza kuti. Yambani ndi zimene zili pa shelefu ya chipatala chanu chomwecho. Buku la Malawi Standard Treatment Guidelines la Unduna wa Zaumoyo, ndi mabuku a ndondomeko za malungo, TB ndi HIV, ndi magwero ovomerezeka ndithu, bola muone kuti mwagwira latsopano, osati limene linatsala m'kabati zaka khumi zapitazo. Pa nkhani ya Chichewa magwero amenewa amaposa buku la ku America, chifukwa amanena zimene wodwala akapeze akafika pa windo la mankhwala ku Bvumbwe. Kenako pali masamba a WHO ofotokoza matenda amodziamodzi, ndi Cochrane Library, imene pa nkhani iliyonse imaika chidule cha m'mawu osavuta chimene aliyense amawerenga kwaulere. Mukafuna kulowa mwakuya, pitani pa PubMed, nkhokwe yaulere ya boma la America. Lembani dzina la matenda, kenako sankhani kuti ikuonetseni za mtundu wa Review kapena Systematic Review zokha, za zaka zisanu zapitazi. Zaka zisanuzo si lamulo louma, koma nkhani ya malungo yakuonetsani chifukwa chake: buku la 1990 lingakuuzeni chloroquine, la 2000 Fansidar, la lero LA.

Zina mudzazipeza zotsekedwa, zofuna ndalama. Musagonje msanga. Pulogalamu ya Hinari, imene WHO inayambitsa mu 2002, imalola zipatala ndi masukulu a ukachenjede a m'mayiko ngati lathu kuwerenga magazini ambiri kwaulere. Funsani ku laibulale ya MUST ku Ndata kapena ku koleji ya zaumoyo ya Malamulo, zonse zili m'boma lanu lomwelo. Ndipo mukadzakwanitsa miyezi 6 ndi zosintha 500 pa Wikipedia, mukupitiriza kulemba, mudzatha kulowa mu The Wikipedia Library, kumene akonzi amawerenga magazini olipiritsa osapereka kanthu.

Chenjerani ndi magazini achinyengo. Alipo ambiri amene amasindikiza chilichonse wolemba akangolipira, popanda akatswiri ena kuchiunika, ndipo mayina awo amamveka olemera kuposa enieni. Nkhani za zitsamba ndi zakudya zochiza zadzaza mmenemo. Njira yachidule ndi kuona ngati magaziniyo ili m'ndandanda wa MEDLINE. Yathu ya Malawi Medical Journal ilimo. Chenjeraninso ndi mapulogalamu a AI a pa foni. Amatha kukupatsani dzina la kafukufuku, la wolemba ndi chaka, zonse zooneka bwino, koma mukakafufuza n'kupeza kuti kulibe. Gwero limene simunalitsegule ndi kuliwerenga nokha musaliike, ndipo kuwerenga mutu wokha kapena chidule cha pamwamba sikukwana pamene mukunena chinthu chachikulu.

Kaikidwe kake n'kosavuta. Nkhani iliyonse ya pa PubMed ili ndi nambala yotchedwa PMID, ndipo zambiri zili ndi ina yotchedwa DOI. Mukaika imodzi mwa izi m'kabokosi koikira magwero, kawirikawiri makina amadzaza okha mayina ndi chaka. Gwero liikeni kumapeto kwa chiganizo chimene likuchikira umboni, osati kumapeto kwa ndime yonse, kuti wobwera pambuyo panu adziwe chimene chachokera kuti. Likakhala buku, lembani tsamba. Fotokozani m'mawu anuanu. Kumasulira ndime yathunthu ya buku la eni liwu ndi liwu n'kuba ndithu, ngakhale mwasintha chinenero. Milingo ya mankhwala musalembe, kuti akuti mapiritsi angati kangati pa tsiku. Aliyense angathe kusintha nambala pa Wikipedia, ndipo 5 akasanduka 50 palibe amene angaone msanga. Ndipo zimene mumaona m'kaundula wa odwala pa chipatala chanu zikhale komweko. Si zofalitsidwa, choncho si gwero, komanso ndi chinsinsi cha anthu amene mumakumana nawo pamsika.

Tsono ndisakubisireni kuti lamuloli lili ndi mtengo wake, ndipo amene amalipira kwambiri ndife. Akafukufuku ambiri amachitikira ku Ulaya, ku America ndi ku Asia, choncho zowonkhetsazo nthawi zina zimanena zochepa za thupi la munthu wodya nsima ndi kholowa, wodwalapo malungo kangapo. Nzeru za agogo athu za mitengo sizinalembedwe m'magazini a MEDLINE. Zimapweteka kuona kuti chimene mudzi wonse ukudziwa sichiloledwa, pamene cholembedwa ndi mlendo wongodutsa chikuloledwa. Ine ndimamva kuwawa kumeneko, komabe ndimaima ndi lamuloli, chifukwa likamasuka woyamba kulowa pakhomo sadzakhala agogo. Adzakhala wogulitsa mabotolo m'mabasi, amene mankhwala ake amodzi akuti amachiza shuga, BP, khansa ndi kusabereka.

Ndipo khomo silinatsekedwe monga mukuganizira. Pali kusiyana pakati pa kunena zimene anthu amachita ndi kunena zimene zimachiza. Mukhoza kulemba kuti anthu a m'dera lakutilakuti amagwiritsa ntchito masamba a nimu akamva malungo, ngati pali buku kapena kafukufuku amene analemba mwambowo. Chimene simungalembe popanda umboni wopimidwa n'chakuti nimu amachiza malungo. Taonani LA yemweyo: mbali imodzi ya mphamvu yake inachokera ku chitsamba cha ku China chotchedwa Artemisia annua, ndipo Tu Youyou analandira mphoto ya Nobel mu 2015 chifukwa cha ntchito imeneyo. Komabe WHO imaletsa kudalira masamba a chitsambachi owiritsa ngati tiyi pochiza malungo, poti mlingo wake sudziwika, ndipo mlingo wochepa umaphunzitsa tizirombo kupirira. Chitsamba chimodzi, koma ziganizo ziwirizo zimafuna magwero osiyana.

N'chimodzimodzi ndi mbiri ya zaumoyo ya boma lanu, imene ndikulakalaka mutailemba. Bungwe la Médecins Sans Frontières linayamba ntchito ya HIV ku Thyolo mu 1997, ndipo ma ARV anayamba kuperekedwa mu 2003. Madokotala anali ochepa kwambiri, choncho ntchito yoyambitsa ndi kutsatira odwala inapatsidwa kwa ma clinical officer, anamwino ndi alangizi a zaumoyo, m'zipatala zing'onozing'ono za kumidzi. Pofika 2007 boma la Thyolo linafika pa mlingo umene unkatchedwa kufikira onse ofunika mankhwala, ndipo nkhaniyi inasindikizidwa mu 2010 m'magazini ya Tropical Medicine and International Health. Kafukufuku wina wa ku Thyolo komweko, wa mu 2003, anasonyeza kuti odwala TB amene anayezedwa HIV n'kupatsidwa Bactrim ankamwalira mocheperapo. Pa mbiri, kuti zinachitika liti, kuti, ndi ndani, zolemba zimenezi n'zokwanira, ngakhale nyuzipepala yodalirika ingathandize, monga mmene ingathandizire mukamalemba kuti esiteti ya Satemwa inayamba mu 1923 kapena mishoni ya Malamulo mu 1902. Koma mukafika ponena kuti munthu amene ali ndi HIV amwe Bactrim, mutchule malangizo a unduna kapena a WHO, amene anapima kafukufuku wa ku Thyolo pamodzi ndi wa kwina. Umboni wa kwathu umalowa ndithu m'mabuku a dziko lapansi. Njira ya Option B+, yopatsa mayi aliyense woyembekezera amene ali ndi HIV ma ARV a moyo wonse, inayambira kuno mu 2011, ndipo WHO inaiika m'malangizo ake mu 2013.

Kwa mnzanu uja, musabwezerenso ziganizozo. Pa Wikipedia ya Chingerezi munthu wobweza zosintha za ena koposa katatu pa nkhani imodzi m'maola 24 amatha kutsekeredwa, ndipo dzina lanu likadali laling'ono kuti lidetsedwe ndi mkangano wotere. Pitani pa tsamba la zokambirana la nkhaniyo, mulembe mwaulemu kuti ndinu watsopano, mwawerenga MEDRS, ndipo mukufuna kulemba za tiyi ndi thanzi m'Chichewa. Mufunseni magwero amene iye amawadalira. Mumuuzenso, mosapsa mtima, kuti zilembo zisanu zija sizinakufotokozereni kanthu. Ayenera kumva zimenezo kuti wobwera pambuyo panu adzalandiridwe bwino. Ambiri a gulu lija la WikiProject Medicine akhala akufunafuna anthu omasulira nkhani zaumoyo m'zinenero za mu Africa, mpaka anagwirizana ndi bungwe la Translators without Borders pa ntchito yomweyo, choncho musadabwe akakuyankhani mokondwa.

Pa Wikipedia ya Chichewa, yambani ndi nkhani yaifupi ya khansa ya kummero. Ndime zinayi zikukwana: chimene matendawa ali, zizindikiro zake, makamaka kuvutika kumeza kumene kumayamba ndi zolimba n'kufika pa phala ndi madzi, pamodzi ndi kuwonda, zimene zimawonjezera ngozi, monga fodya, mowa ndi zakumwa zotentha kwambiri, ndi kufunika kopita kuchipatala zizindikiro zikangoyamba. Chiganizo chilichonse chikhale ndi gwero lake. Mukamaliza, musanaitumize, mupatse clinical officer wa pa chipatala chanu aone ngati mfundo zili bwino, kenako muwawerengere mayi anu mokweza. Pamene angakufunseni kuti "ukutanthauza chiyani pamenepo?", mulembenso chiganizocho mpaka amve osafunsa.